MALONDA A PA POSITI: M'MENE SITOLO INAFIKIRA PAKHOMO PA MLIMI

M'mwezi wa Januwale chaka cha 1993, akuluakulu a kampani ya Sears, Roebuck ya ku Chicago, m'dziko la Amereka, analengeza kuti aleka kusindikiza buku lao lalikulu la malonda. Pamodzi ndi bukulo anatsekanso masitolo 113, ndipo anthu pafupifupi 50,000 anauzidwa kuti ntchito yatha. Manyuzipepala a kumeneko analemba za nkhaniyi monga alembera za maliro a nkhalamba yodziwika m'dziko lonse, pakuti bukulo linali litalowa m'nyumba za anthu kwa zaka pafupifupi 100, ndipo kale kunkanenedwa kuti m'nyumba zina za kumidzi munali mabuku awiri okha, Buku Lopatulika ndi limeneli.

Bukuli, limene ambiri amalitcha katalogi, linali sitolo ya papepala. M'menemo munali zithunzi za katundu, mau ofotokoza katunduyo, nambala yake ndi mtengo wake. Wogula ankasankha ali khale pakhomo pake, nalemba kalata, naikamo ndalama, nadikira mtokoma. Akuluakulu ena mwa owerenga tsamba lino aidziwa njirayi, popeza m'masiku a Atsamunda makalaliki ndi aphunzitsi ena a kuno ankaitanitsa nsapato ndi masuti kuchokera ku Mangalande mwa njira yomweyo, atagula positala oda ku positi ofesi.

Kodi zinatheka bwanji kuti mlimi, munthu amene sagula khasu asanaligogode kuti amve kulira kwa chitsulo chake, atumize ndalama za thukuta lake kwa munthu wosamudziwa, wokhala mamailosi mazanamazana kutali, kulipira chinthu chimene sanachikhudze? Olemba mbiri ya malonda amatamanda nzeru za amuna awiri kapena atatu amene maina ao analembedwa pachikuto cha mabukuwo. Nzeruzo zinalipodi. Koma woyang'anitsitsa apeza kuti malondawa anayenda m'mapazi mwa njanji ndi positi, ndi kuti nthawi iriyonse pamene Boma linatalikitsa mkono wa positi, malondawo analumpha.

NSALU ZA KU WALES

Woyamba kuchita malonda otere pa mlingo waukulu anali Pryce Pryce-Jones, wogulitsa nsalu m'tauni yaing'ono ya Newtown ku Wales, chigawo cha Britain. M'chaka cha 1840 Boma la Britain linakhazikitsa mtengo umodzi wa kalata, ndiwo peni imodzi, kaya kalatayo ipita pafupi kaya ipita kutali. Ndipo m'chaka cha 1859 njanji inafika ku Newtown. Kuyambira mu 1861 Bambo Pryce-Jones anayamba kutumiza mapepala a mitengo ya nsalu za ubweya wa nkhosa kwa anthu akutali, nalandira maoda ao pa kalata, natumiza katundu pa sitima. Mwa ogula ao munali Mfumukazi Victoria ndi Florence Nightingale. Mu 1879 anamanga nyumba yaikulu ya malonda, yotchedwa Royal Welsh Warehouse, pafupi ndi siteshoni peniponi, ndipo mu 1887 Mfumukazi inawapatsa ulemu wa Sir.

Koma Britain ndi dziko laling'ono, ndipo munthu wa kumeneko sakhala kutali kwambiri ndi sitolo. Kumene malondawa anapeza nthaka yachonde ndi ku Amereka.

MLIMI NDI MWINI SITOLO

M'chaka cha 1870, mwa anthu 4 alionse a ku Amereka, 3 ankakhala kumidzi. Midzi yake sinali ngati ya kuno, pakuti banja lirilonse linkamanga pakati pa munda wake, kutali ndi anansi. Zosowa zonse za pakhomo, kuyambira singano kufikira mafuta a nyale, zinkagulidwa m'sitolo imodzi ya pamphambano. Mwini sitoloyo ankapikula kwa wina wa m'tauni, amenenso anapikula kwa wina, ndipo dzanja lirilonse limene katunduyo anadutsamo linaonjezapo phindu lake. Mitengo kawirikawiri sinkalembedwa pakatundu. Popeza mlimi agwira ndalama kamodzi pachaka, ankatenga zinthu pa ngongole kudikira zokolola, ndipo buku la ngongolezo linali m'manja mwa mwini sitolo yekha.

Si kuti eni masitolo onse anali akuba. Ambiri anali anthu osauka okhaokha amene ankadikira ndalama zao chaka chathunthu, ndipo mvula ikavuta, iwonso ankagwa pamodzi ndi alimi. Koma munthu wopanda kwina kokagula sakangana pa mtengo. Madandaulo a alimi anakula kotero kuti bungwe lao lotchedwa Grange, limene linayamba mu 1867, linasanduka chida cholimbanira ndi eni njanji ndiponso amalonda a pakati.

Aaron Montgomery Ward anawamva madandaulowa ndi makutu ao, chifukwa ntchito yao inali kuyendayenda m'masitolo a kumidzi kutsatsa nsalu za mabwana ao. Nzeru imene anaipeza inali yapafupi: kugula katundu wambiri nthawi imodzi kwa opanga eni ake, kulipira ndalama pomwepo, ndi kugulitsa kwa mlimi mwachindunji, wapakati osalawako. Katundu woyamba amene anasonkhanitsa anapsa m'moto waukulu umene unaononga mzinda wa Chicago mu Okutobala 1871. Anayambanso, ndipo mu 1872 anatulutsa katalogi yao yoyamba, imene inali pepala limodzi lokha lokhala ndi zinthu 163. Oyamba kugula anali mamembala a Grange, amene ankasonkhanitsa maoda ao pamodzi kuti mtengo wonyamulira uchepe.

Anthu sanakhulupirire msanga. Chakumapeto kwa 1873 nyuzipepala ya Chicago Tribune inachenjeza alimi kuti asamale, poti mitengo yotsika chotero iyenera kukhala msampha wa mbala. Patapita masabata owerengeka, italondola bwino nkhaniyo, nyuzipepalayo inabweza mau ake poyera. Chimene chinaitembenuza mtima ndi ichi, kuti wogula ankaloledwa kumasula mtokoma pa ofesi ya onyamula katundu, kuuona bwinobwino, ndi kulipira pokhapokha wakhutira. Mu 1875 Bambo Ward anaonjeza lonjezo limene linadzakhala mwala wa pangodya wa malonda onse a mtundu uwu, lakuti munthu wosakondwa ndi katundu ambweze, nalandirenso ndalama zake. Lero lonjezo lotere limveka wamba. Masiku amenewo, pamene lamulo la msika linali lakuti wagula wagula, linali chinthu chachilendo zedi. Pofika 1883 pepala limodzi lija linali litasanduka buku la masamba 240 lokhala ndi zinthu 10,000.

KALALIKI WA PA SITESHONI

Amene anadzaposa Bambo Ward analowa m'malondawa mwangozi. Mu 1886 Richard Warren Sears anali mnyamata wogwira ntchito ya ukalaliki pa siteshoni ya njanji ya North Redwood, m'chigawo cha Minnesota. Tsiku lina panafika bokosi la mawotchi limene wamalonda wa pamalopo anakana kulandira, nati sanaitanitse. M'malo molibweza, mnyamatayo anapangana ndi eni ake kuti agulitse yekha, ndipo anatumiza uthenga pa lamya kwa makalaliki anzake a m'masiteshoni ena kuti amuthandize, iwonso adyepo. Nyengo yake inali yabwino, chifukwa mu 1883 makampani a njanji anali atakhazikitsa nthawi yofanana m'zigawo za dziko, ndipo munthu woyang'ana dzuwa anayamba kusiyidwa ndi sitima. M'miyezi 6 anapindula madola pafupifupi 5,000. Anasiya ntchito ya njanji, nayamba kampani ya mawotchi ku Minneapolis, ndipo mu 1887 anasamukira ku Chicago, kumene analemba ntchito wokonza mawotchi dzina lake Alvah Roebuck. Dzina lakuti Sears, Roebuck and Company linayamba mu 1893.

Mphatso ya Bambo Sears inali pakamwa ndi pacholembera. Mau ambiri a m'katalogi ankalemba okha, ndipo ankalemba monga munthu wocheza ndi mnzake pakhonde. Anadziwa kuti chimene chimaopsa munthu wakumudzi si mtengo wokha, komanso manyazi olembera kalata anthu ophunzira a mumzinda. Chotero katalogi inkauza wogula kuti asavutike ndi malembedwe, alembe m'mene angathere ndi m'chinenero chirichonse, kampani idzamva. Ndipo malangizo a kaitanitsidwe ankasindikizidwanso m'Chijeremani ndi m'Chiswidishi kaamba ka alendo ochuluka ochokera ku Ulaya. Mu 1905 anapempha ogula ao okhulupirika a m'chigawo cha Iowa kuti aliyense agawire anansi ake makatalogi 24, ndipo anansiwo akagula, wogawayo ankalandira mphatso. Motero mlimi anasanduka wotsatsa malonda kwa mlimi mnzake, ndipo mau a mnansi anachita zimene chithunzi sichikadatha.

Buku la 1895 linali ndi masamba oposa 500. M'zaka zotsatira munthu ankatha kugulamo makina osokera, njinga, mbaula, ngolo, mfuti, magalasi a maso, gitala, ngakhale mwala wa pamanda. Kuyambira 1908 kufikira 1940 kampaniyo inagulitsanso nyumba zathunthu zoposa 70,000, zimene zinkafika pa sitima ziri matabwa, misomali, zitseko ndi utoto, pamodzi ndi buku lolangiza kamangidwe. Aphunzitsi a m'sukulu zakumidzi zosowa mabuku ankaphunzitsira katalogi kuwerenga ndi masamu, ana naonkhetsa mitengo ya oda yongoyerekeza. Ndipo yatsopano ikafika, yakale inkatsiriza ntchito yake m'chimbudzi.

Komabe Bambo Sears anali ndi chirema chimene chikadaigwetsa kampaniyo. Ankatsatsa katundu asanamupeze, ndipo maoda akasefukira, mpamene ankathamanga kufunafuna wopanga. Mitokoma inkachedwa, ina inkapita kolakwika, yobwezedwa inkaunjikana. Bambo Roebuck anatopa nazo nagulitsa gawo lao mu 1895. Chaka chomwecho analowa Julius Rosenwald, mwana wa Ayuda ochokera ku Germany, amene ntchito yao inali yosoketsa masuti. Ngati Bambo Sears anali pakamwa pa kampani, Bambo Rosenwald anali msana wake.

Ntchito yao inaonekera m'nyumba zazikulu zimene kampani inatsegula kumadzulo kwa Chicago mu 1906, pa malo a maekala 40. Oda imodzi inkatha kufuna nsapato za m'chipinda china, nyundo ya m'chipinda china ndi nsalu ya pansanjika ina. Kapitao wina, Otto Doering, anakonza dongosolo lakuti oda iriyonse ipatsidwe tsiku lake ndi mphindi zake 15, ndipo m'mphindi zimenezo zinthu zonse za odayo zikumane pamalo amodzi omangira, zitayenda pa malamba oyenda okha ndi m'mipita yotsetsereka. Chipinda chochedwetsa katundu chinkalipitsidwa chindapusa, ngati kuti ndi kampani yachilendo. Wogwira ntchito m'ofesi iriyonse ya Boma, amene adziwa m'mene failo imodzi igonera mwezi patebulo podikira siginecha, aona yekha kulemera kwa lamulo limeneli. Malonda a kampaniyo, amene mu 1895 sanafike madola 1 miliyoni, anapitirira 10 miliyoni mu 1900, naposa a Ward, ndipo mu 1907 anali pafupi ndi 50 miliyoni.

Amuna awiriwa sanamvane nthawi yaitali. Pa mavuto a chuma a 1907 Bambo Sears anafuna kuonjeza ndalama zotsatsira malonda, Bambo Rosenwald anafuna kuchepetsa zoononga, ndipo mu 1908 Bambo Sears anatula pansi udindo. Pambuyo pake mau a m'katalogi anayamba kufatsa. Mu 1911 kampani inatsegula chipinda choyesera katundu kuti zolembedwa zifanane ndi zoona, ndipo mu 1913 inachotsa m'bukumo mankhwala a m'mabotolo onamizira kuchiza nthenda zonse, ngakhale ankabweretsa phindu lalikulu.

POSITI IFIKA PAMUNDA

Zonsezi zikadakhala zazing'ono pakadapanda nkhondo ina imene inamenyedwa m'Nyumba ya Malamulo ku Washington. Anthu a m'mizinda ya Amereka anayamba kulandira makalata pakhomo mu 1863. Mlimi, wogula sitampa pa mtengo womwewo, anayenera kumanga kavalo ndi kutaya theka la tsiku kukafunsa ngati kwabwera kalata. Tsono positi ofesi yakumudzi kawirikawiri inali pangodya ya sitolo ija, ndipo woyang'anira positi anali mwini sitolo yemweyo. Munthu wofuna kuitanitsa katundu ku Chicago anayenera kugula oda ya ndalama kwa munthu amene ali naye ngongole, m'sitolo imene akuithawa, anthu onse akuona. Ambiri mtima unkawagwa pakhomo pomwepo.

John Wanamaker, amene anali Mkulu wa Mapositi kuyambira 1889 kufikira 1893, analimbikira kuti makalata azifika pakhomo pa mlimi, ndipo bungwe la Grange linamuchirikiza. Aphungu ena anati dziko lidzasauka nazo. Eni masitolo anati midzi ya pamphambano idzafa. Kuyesa koyamba kunachitika mu Okutobala 1896 m'chigawo cha West Virginia, ndipo mu 1902 ntchitoyi inakhazikitsidwa kukhala ya nthawi zonse. Boma linaika lamulo lanzeru, lakuti njira ya makalata iperekedwe kwa anthu opempha pamodzi ndiponso okhala ndi mseu wopitika nyengo zonse. Alimi amene kwa zaka zambiri ankakana msonkho wa miseu anayamba okha kukwirira maenje ndi kumanga milatho, poopa kuti positi ingawadutse. Mapositi ofesi, amene mu 1901 analipo pafupifupi 77,000, anayamba kuchepa, popeza ang'onoang'ono a m'masitolo analibenso ntchito. Katalogi ya Sears sinachedwe kulangiza ogula kuti angopereka kalata ndi ndalama kwa wonyamula makalata pachipata cha munda, iyeyo akagula oda ya ndalama natumiza. Diso la mwini sitolo linachoka pakati.

Panatsala chopinga chimodzi. Positi sinkalandira mtokoma wolemera kuposa mapaundi 4. Woposa pamenepo unkayenda ndi makampani onyamula katundu, monga Adams, American, Wells Fargo ndi United States Express, amene ankaika mitengo m'mene afunira, ndipo ankatula katundu pa siteshoni, osati pamunda. Britain inali itayamba kunyamula mitokoma pa positi mu 1883, koma ku Amereka makampaniwa, mogwirizana ndi eni masitolo, anatsekereza lamulolo zaka zambiri. Kumanenedwa kuti Bambo Wanamaker atafunsidwa zifukwa zolepheretsa, anayankha kuti ziripo zinai, natchula maina a makampani anai.

Lamulo linayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale 1913. Poyamba malire anali mapaundi 11, koma posachedwa anakwezedwa kufika 20, kenaka 50. M'miyezi 6 yoyamba positi inanyamula mitokoma pafupifupi 300 miliyoni, ndipo mu 1914 kampani ya United States Express inatseka zitseko. Anthu anaukonda mwayiwo mpaka kuupyoza muyeso. Mu 1914 makolo ena a m'chigawo cha Idaho anamata masitampa a masenti 53 pa jekete la mwana wao wamkazi, namtumiza kwa agogo ake m'ngolo ya makalata ya sitima, popeza tikiti inali yodula. Mu 1916 omanga banki m'tauni ya Vernal, ku Utah, anaona kuti njira yotsika mtengo yobweretsera njerwa ndi positi, nazimanga m'mitokoma ya mapaundi 50. Boma linachita kuika malire a katundu amene munthu mmodzi angatumize pa tsiku.

MOTO WA MAKATALOGI

Eni masitolo sanagonje mwakachetechete. M'matauni ena ankalonjeza ana timphatso pa katalogi iriyonse imene abweretsa, naunjika mabukuwo pabwalo, nawatentha anthu akuonerera. Manyuzipepala ang'onoang'ono, amene ankadya za eni masitolo, ankanyoza ogula pa positi kuti ndi anthu otumiza chuma cha kwao kwa alendo. Dandaulo ili linali ndi choona chake, pakuti kampani ya ku Chicago sinkapereka msonkho m'tauniyo, sinkasonkha pa maliro, ndipo sinkakongoza munthu chimanga chikapsa ndi dzuwa. Anthu ena ankagula ku Chicago pamene ali ndi ndalama, nabwerera kwa mwini sitolo pamene alibe. Makampani anayankha potumiza katundu wina m'mapepala opanda dzina, kuti wogula asachite manyazi.

Chida chonyansa koposa chinagwiritsidwa ntchito m'zigawo za kumwera. Kumeneko kunafalitsidwa mphekesera yakuti Bambo Sears, kapena Bambo Roebuck, kapena Bambo Ward, ndi anthu akuda, ndi cholinga chakuti Azungu atsankho aleke kugula. Bodzali lionetsa chimene eni masitolo a kumwera ankaopa. Ukapolo unatha mu 1865, koma anthu akuda ambiri anakhalabe alimi obwereka minda, olipira ndi gawo la thonje lao, omangidwa ndi ngongole ya m'sitolo imene kawirikawiri inali ya mwini munda. M'sitolomo munthu wakuda ankaima pambali kufikira Mzungu womaliza atathandizidwa, sankaloledwa kuyesa chovala, ndipo ankapatsidwa chimene wogulitsa waona kuti chimuyenera. Kalata iribe khungu. Kalaliki wa ku Chicago wotsegula envulopu ankaona nambala ya katundu ndi ndalama basi, ndipo mtengo unali umodzi kwa onse. Eni kampani sanayambe malondawa kuti athetse tsankho, ankafuna phindu. Koma kwa mai wakuda wa ku Mississippi kapena ku Alabama, kulandira diresi limene wasankha yekha, popanda kuweramira munthu, sichinali chinthu chaching'ono.

Bambo Rosenwald anapitirira pamenepo ndi chuma cha m'thumba mwao. Atadziwana ndi mphunzitsi wotchuka wachikuda, Booker T. Washington wa ku Tuskegee, anayamba kuthandiza kumanga sukulu za ana akuda m'midzi ya kumwera. Sankapereka ndalama zonse. Ankafuna kuti eni mudzi asonkhe gawo lao, kaya ndalama, kaya malo, kaya thukuta, ndi kuti akuluakulu a maphunziro a m'chigawocho avomere kuyendetsa sukuluyo. Pofika 1932, chaka chimene anamwalira, sukulu zotere zinali pafupifupi 5,000 m'zigawo 15.

Pali malire amodzi amene katalogi ya ku Amereka inachedwa kuwaoloka. M'zaka zake zoyamba inkafuna ndalama pamanja, kotero kuti wosauka weniweni, amene zokolola zake zinali zitadyedwa kale ndi ngongole, ankangoona zithunzi. Ku Britain vutoli analipezera njira ina. Mu 1932 John Moores wa kampani ya Littlewoods, ku Liverpool, anayambitsa timagulu ta anthu 20, aliyense wosonkha sheleni imodzi pa sabata. Masheleni 20 ndiwo paundi imodzi, chotero sabata iriyonse membala mmodzi ankalandira katundu wa paundi, mwa maere, kufikira onse atalandira. Chinali chipereganyu chenicheni, ndipo osonkhetsa ambiri anali amai a pakhomo odziwana ndi anansi ao.

GALIMOTO NDI ZOTSATIRA ZAKE

Miseu imene alimi anakonza kuti positi iwafike ndi yomweyo imene inawatulutsa. Galimoto yotsika mtengo ya Henry Ford inatuluka mu 1908, ndipo munthu wokhala nayo ankatha kupita m'tauni yaikulu kukaona katundu ndi maso. Kalembera wa 1920 anaonetsa, kwa nthawi yoyamba, kuti okhala m'matauni aposa okhala kumidzi. Mitengo ya zokolola itagwa mu 1920 ndi 1921, kampani ya Sears inatsala pang'ono kumira, ndipo Bambo Rosenwald anaipulumutsa poikapo chuma chao cha madola oposa 20 miliyoni.

Amene anawerenga bwino zizindikirozi anali Robert Wood, mkulu wa asilikali wopuma, amene anagwirako ntchito yosamala katundu pokumba ngalande ya Panama, ndipo ankakonda kuwerenga mabuku a ziwerengero za Boma monga ena awerengera nthano. Anali ku kampani ya Ward, koma mabwana a kumeneko sanamumvere. Analowa ku Sears mu 1924, natsegula sitolo yoyamba mu 1925, namanga zinanso kunja kwa mizinda kumene kunali malo oimikapo magalimoto. Pofika 1931 masitolo ankagulitsa koposa katalogi. Bukulo linakhalabe zaka zina 60, koma silinalinso mwana wokondedwa pabanjapo.

Kampani ya Sears inakhala yaikulu koposa onse ogulitsa katundu pa dziko lapansi, ndipo mu 1973 inaimika ku Chicago nyumba ya nsanjika 110, imene kwa zaka zoposa 20 inalibe inzake kutalika. Koma masitolo otsitsa mitengo anali akukula pansi pake, ndipo chakumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 kampani ya Walmart inaiposa. Ward inali itasiya kale katalogi yake mu 1985, ndipo inatseka masitolo ake onse mu 2001. Katalogi ya Sears inkadya ndalama zambiri pa mapepala, kusindikiza ndi masitampa, ndipo inkataya chuma chaka ndi chaka. Akuluakulu amene anaipha mu 1993 anali ndi ziwerengero zowaikira kumbuyo. Chimene sanachiyese bwino ndi mtengo wa zimene zinatayika pamodzi ndi bukulo, ndizo nyumba zosungiramo katundu, antchito odziwa kumanga oda ya munthu mmodzimmodzi, ndi chizolowezi cha mabanja mamiliyoni chogula chinthu asanachikhudze.

Chaka chotsatira, mu 1994, Jeff Bezos anayambitsa kampani ya Amazon kufupi ndi mzinda wa Seattle, ndipo mu Julaye 1995 anayamba kugulitsa mabuku pa intaneti. Kompyuta inalowa m'malo mwa pepala, koma zina zonse zinali za Bambo Ward ndi Bambo Doering: chithunzi ndi mtengo, ndalama zotumizidwa kwa munthu wosaoneka, lonjezo lobweza katundu, ndi nyumba zazikulu za malamba oyenda okha. Mu Okutobala 2018 kampani ya Sears inapita ku khoti kukavomera kuti yalephera kubweza ngongole zake. Zaka 5 izi zisanachitike, mu Novembala 2013, patatha zaka 100 chiyambire lamulo la mitokoma, positi ya Boma la Amereka inapangana ndi Amazon kuti izipereka mitokoma yake pakhomo pa ogula ngakhale tsiku la Sabata, kuyambira m'mizinda ya New York ndi Los Angeles.